Burashi ya a Tenesi Luhanga

Pa Bolero munthu akafuna kudziwa mmene anzake amamuonera, sankavutika n'kufunsa. Ankangogula kachitini ka penti n'kuitana a Tenesi Luhanga, olemba zikwangwani.

Sukulu a Tenesi anailekera Fomu 2, ati chifukwa chojambula ahedi pabolodi. Ahediwo analumbira kuti munthu wa makutu ngati mlemeyo sanali iwo, komabe anawachotsa sukulu pa mlandu wojambula ahedi. Kuyambira pamenepo a Tenesi ankakonda kunena kuti, "Chithunzi chikafanana ndi mwini wake, woyamba kuchikana ndi mwini wakeyo."

Nthawi ya chipani chimodzi ankalemba zozizira, za "Takulandirani" ndi "Sopo alipo". Matipate itabwera, Amalawi ena anatsegula pakamwa, a Tenesi anatsegula burashi. Anaika lamulo lawo: mwini malo asankhe mtundu wa penti, koma mawu asankha iwo. Ankakhala pamalopo masiku atatu, chipewa chili kumaso ngati akuwodzera, kenako n'kulemba chimene aona. Ankalemba m'Chichewa, osati m'chilankhulo cha kwawo kumpotoko, ati kuti nawonso ogula fodya ochokera kumwera asamanidwe phwete.

Kwa Luka wometa analemba kuti, "Kumeta mphindi khumi, nkhani maola awiri." Kwa wojambula zithunzi, "Lowani mmene mulili, mutuluka mmene mumafunira." Kumbuyo kwa pikapu ya Rex, imene inkapita ku Mwazisi ikafuna yokha, anaikako kuti, "Wofulumira atsogole wapansi." Eni ake ankakwiya sabata imodzi, sabata yachiwiri n'kumapukuta chikwangwanicho ndi malaya awo. Kulumidwa ndi a Tenesi kunali ngati kulandira satifiketi. Womvetsa chisoni anali amene sanalumidwepo.

Ndiye kunabwera mayi Phyllis NyaChavula, mphunzitsi wopuma pantchito, wamasiye, amene ankayenda ngati akadali ndi choko m'manja. Anatsegula tiirumu pafupi ndi siteji, nagula penti yobiriwira, naitana a Tenesi.

A Tenesi, amene akazi awo anali atamwalira zaka zisanu ndi ziwiri zapitazo, anakhala pabenchi masiku atatu aja. Masiku atatu anabala sabata, sabata inabala masabata atatu. Chipewa sichinkatsikanso kumaso. Amayi ogulitsa tomato anawerenga masikono amene bamboyo ankadya patsiku, nagwirizana kuti imeneyo sinalinso njala ya m'mimba.

Koma msika unkadziwanso china. A Manasseh, kalaliki wopuma wa jekete losachoka pathupi ngakhale mu Okutobala, anali atatumiza kale thenga, munthu wokapempha mbeta, kwa alongo ake a NyaChavula ku Mwazisi. Mayiwo anali atalonjeza kuti ayankha Lamlungu lomaliza la mwezi. A Tenesi ankafuna kulankhula, koma munthu amene analemba pakhoma lililonse la Bolero, akafika pamaso pa NyaChavula ankangoti, "Shuga pang'ono, amama."

Choncho anachita zimene ankadziwa. Lolemba la sabata yomalizayo anakwera pamakwerero nalemba zochokera pansi pa mtima: "Tiyi wokoma, mayi waulemu."

Bolero anagwa nacho chiseko.

"Ngati a Tenesi akuti wokoma, ndiye kuti ndi madzi otsukira mapoto!" anatero Luka, lumo lili m'mwamba.

"Nanga za ulemuzo? Ife tinkaona kale," anatero mayi wina wa tomato, amene sanaonepo kalikonse.

Pofika Lachitatu tiirumu inali mbee, ntchentche zokha. NyaChavula anawapeza a Tenesi pansi pa mtengo wa mango akutsuka maburashi, naima ndi ambulera ngati pa asembule.

"Adada Luhanga, ndinakulakwirani chiyani?"

"Amama, ndalemba zoona zokhazokha."

"Zoona? Inuyo? Zaka zonsezi mwakhala mukuphunzitsa Bolero kuwerenga mozondotsa, lero mukufuna awerenge mowongoka? Ine ndinali mphunzitsi, ndikudziwa. Mwana amayankha mmene unamuphunzitsira." Anagogoda pansi ndi ambulera. "Pofika Loweruka chikhale chitakonzedwa. Lamlungu ndili ndi anthu oti ndiwayankhe."

A Manasseh, amene anangopezeka akudutsa pomwepo mwangozi yokonzekera, anakonza kolala nati, "Vuto la anthu aluso ndi limeneli, a Luhanga. Kupenta chitseko amatha, koma kugogoda ayi."

Mawuwo anawawawa a Tenesi kawiri: poyamba chifukwa anali oona, kachiwiri chifukwa sanawapeke iwo.

Lachinayi anafufuta chikwangwani chonse ndi penti yoyera, nakhala pansi kuchiyang'ana. Akayamikira, Bolero amva chipongwe. Akanyoza, Bolero akhulupirira, koma mayi wa ambulera uja apita kwa a Manasseh ndi jekete lawo.

"Alumeni pang'ono chabe, adada, ngati mmene munatichitira tonsefe," anawalangiza Rex ali chigonere pansi pa pikapu yake. "Makapu, masikono, chilichonse."

"Makapu ndi oyera."

"Mawu awo okalipa aja?"

"Amakalipa bwino," anatero a Tenesi motsitsa.

Rex anatulutsa mutu, nawayang'ana nthawi yaitali. "Ndiye mwadwala chomene."

Loweruka, msika utadzaza, a Tenesi anakweranso makwerero. Anthu anasiya malonda. Luka anatuluka ndi kasitomala wometedwa mbali imodzi. Burashi inayenda pang'onopang'ono, khamu likuwerenga mokweza liwu lililonse likamatuluka:

"Ndakhala pano masabata atatu kufunafuna chonyoza. Ndalephera."

Pansi pake anaikapo chinthu chimene sanaikepo pa chikwangwani chilichonse: T. Luhanga.

Panalibe amene anaseka. Anthu anayesa kuchitembenuza uku ndi uku, koma sichinkatembenuzika. Rex anavula kapusi ngati pamaliro. "Njoka yathu yaguluka mano," anatero.

NyaChavula anatuluka, navala magalasi, nawerenga kawiri monga ankachitira ndi chimangirizo cha mwana wokayikitsa.

"Yewo, adada Luhanga," anatero pothokoza. "Koma alongo anga ali ku Mwazisi, ndipo zikwangwani za pa Bolero saziona. Thenga muli naye, kapena nayenso mumupenta?"

A Tenesi anatsika pamakwerero. Anangoloza Luka ndi burashi. Paja munthu wa nkhani za maola awiri anali asanapezepo ntchito yomuyenera. Luka anasiya kasitomala wake chomwecho, nabwereka tayi, nakwera kutsogolo kwa pikapu ya Rex.

Pikapuyo inafa isanafike ndi theka la ulendo lomwe. Luka anatsika, nawerenga zolembedwa kumbuyo kwake, napukusa mutu, natsogola wapansi. Anafika ku Mwazisi dzuwa likadalipo, tayi ili m'thumba, ndipo akuti alongo aja anavomera msanga kuti munthuyo asiye kulankhula.

Lamlungu a Manasseh analandira yankho lawo lowakana mwaulemu wonse, pamodzi ndi kapu ya tiyi ndi sikono. Akuti anaumwa wonse, nafunafuna chonyoza, nawonso analephera.