Tizilombo ta Pansi pa Chipewa

Inu amene mukuona ngati zanu zathera pomwepo, tamvani za Nicanor wa ku Oaxaca, kutsidya la nyanja.

Nicanor anasiya koleji kuti adwazike bambo ake, a Eusebio. Bambowo anamwalirabe. Pamaliro anthu ankamupepesa kawiri, za bambo ndi za sukulu, ndipo za sukuluzo ankazinena mokweza.

A Eusebio sanasiye ng'ombe kapena galimoto. Anasiya munda wa nopali, zomera zaminga za masamba onenepa zija, ndi tizilombo toyera ngati thonje tokakamira pamasambapo. Tizilomboti ukatiumitsa n'kutipera timatulutsa utoto wofiira umene oluka zofunda amaulimbirana. Mtundu wa tizilomboti unali wa pabanja, wochokera kwa makolo. Koma n'taulesi zedi. Sitithawa, sitibisala, mvula ikagwa timangokokoloka. N'chifukwa chake nthawi ya mvula a Eusebio ankafunditsa mundawo ndi mikeka.

Tsiku lomaliza la mapemphero a maliro kunabwera khamu, ena kudzalira, ena atamva fungo la mole, msuzi wa tsabola wa pazochitika. Pokhala panasowa. Nicanor, pofuna kuonetsa kuti bambo wa pakhomo tsopano ndi iye, anathamangira kumunda, anasasula mikeka yonse n'kuyalira alendo. Aliyense anakhala mwaufumu. Pemphero la korona lili mkati, chimvula chinakhuthuka.

Kutacha masamba onse anali otsukika ngati mbale.

Mayi ake, a Crisanta, anaima m'mundamo atagwira m'chiuno. "Mwanawe, bambo ako anadwala chaka chathunthu osataya kachilombo n'kamodzi komwe. Iwe wangolowa ufumu dzulo, lero tili ndi maliro ena!"

"Musiyeni, achemwali," anatero a Tiburcio, malume ake a Nicanor, oluka zofunda. "Mwanayu ndi waulemu. Matako a mudzi wonse sananyowe."

Nicanor anapita kumapeto kwa munda kuti akalire kosaoneka. Kumeneko anapeza chipewa cha bambo ake chili chikolekere patsamba, pomwe anachisiya tsiku lomwe miyendo inawakanira. Anachinyamula kuti anunkhize thukuta lawo. Pansi pake panali pouma, ndipo panali kachigamba koyera: tizilombo tatikazi, tonenepa, tosadziwa n'komwe kuti kunja kwagwa zotani.

"Bambo," anatero akuseka misozi ili chuchuchu, "ndi kumanda komwe mukundikonzerabe zolakwa?"

Analuka timadengu ta mlaza tonga chala, anaikamo timayi tija n'kukoleka pamasamba ena kuti ana akabadwa akwawire pomwepo. Mikeka anabwezera. Minga inamulasa mpaka zala zinaleka kudandaula. Anzake a kukoleji ankatumiza zithunzi atavala mikanjo, iye ali chogwada kuthothola mphutsi zodya tizilombo take.

M'mudzi anamupatsa dzina: Mbusa wa Nsabwe.

"Abusa!" ankakuwa a Tiburcio podutsa. "Ziweto zamwa madzi koma?"

Tizilombo titayamba kuchuluka, nkhukundembo ya mayi ake inalowa m'munda. Inatulukamo mlomo uli psuu, ikuyenda monyada, theka la ntchito yake lili m'mimba.

"Amayi, nkhukundembo yanu yadya cholowa changa!"

"Ndiye ukuima chiyani? Nola mpeni, cholowacho chibwerere kwa mwini wake."

Anaidya ndi mole. Nicanor anaonjezera mbale yachiwiri, kenako anakamanga mpanda n'kuyambanso.

Pang'onopang'ono munda unayera. Tsiku lokolola anapala tizilombo ndi kasupuni, osaiwala kusiya timayi ta mbewu. Atatiumitsa anapita nato kwa malume ake.

A Tiburcio anaphwanya kachilombo kamodzi pachikhatho n'kudonthezera ndimu. Chikhatho chinayaka ndi kufiira. Anachiyang'ana nthawi yaitali.

"Uku ndi kufiira kwa Eusebio," anatero. Kenako anapukuta m'maso. "Ndimuyu wandithonyera, usandiyang'ane choncho."

Lero oluka zofunda amachita kumulondola Nicanor kunyumba, ndipo amene ankamuti Mbusa wa Nsabwe amamutchulabe choncho, koma atavula chipewa. Kukoleji sanabwerere. Bambo akenso sanabwerere, utoto suukitsa munthu. Chaka ndi chaka, pa chikondwerero chokumbukira akufa, amaika chipewa chija paguwa la m'nyumba, pamwamba pa nsalu yofiira, pambali pa buledi ndi maluwa. Koma kukangochita mitambo amachitenga n'kukachikoleka kumunda, poti mwini wake sakanalola kuti chizingokhala. Mlendo akafika pakhomopo amakhala pamwala. Mikeka ili ndi eni ake.

Nanunso mvula ikakukokololerani zanu, ngakhale amene munasasula mikeka muli inu nomwe, lirani ndithu. Koma lirani mukuyenda mpaka kumapeto kwa munda. Musataye mtima musanavundukule chipewa.