Sabata Ziwiri Zimene Ndinapempha kwa a Marek

Ndinali ndi zaka khumi ndi zinayi pamene ndinaphunzira kuti misozi ya mwana imatha kugwira ntchito yoipa. Nthawi imeneyo tinkakhala ku Al Qusais, mu Dubai, ine ndi amayi, m'kanyumba ka zipinda ziwiri komwe ndege zinkadutsa pamwamba pathu ngati zikufuna kutera pakhonde. Amayi anali namwino. Ine ndinali goloboyi. Inde, mtsikana wa ku Zomba, wobadwira kumene madzi saundana, ndinkagwira pagolo pa masewera a hoke ya pa ayezi, ndipo abale athu kumudzi akamva zimenezi ankaseka mpaka kugwira nthiti.

Bwalo lathu linali mkati mwa chinyumba chachikulu cha masitolo. Kunja dzuwa likuswa mtengo, ife mkati tikutulutsa nthunzi mkamwa, titavala nsapato zokhala ndi chitsulo chakuthwa kunsi, tikulimbirana ndi ndodo kampira kakuda kaphwatalala kolimba ngati mwala. Anthu odzagula zinthu ankaima m'mwamba ndi majumbo awo n'kumationerera. Ine ndinkavala zodzitetezera zambirimbiri moti ndinkaoneka ngati matiresi oyenda, ndipo fungo la zovala zimenezo amayi sankalilola kulowa m'nyumba.

Mphunzitsi wathu anali a Marek, a ku Slovakia, bambo wamtali, waimvi, wopanda mano atatu akutsogolo. Anali atasewera hoke ngati ntchito kwa zaka pafupifupi makumi awiri, ndipo thupi lawo linkachitira umboni. Bondo lakumanzere silinkapindika bwino, zala ziwiri zinali zokhota. Anayambira m'timu ya tauni yakwawo, kenako anapita ku Finland, ku Kazakhstan, ku France, timu iliyonse yocheperapo kuposa imene achokako, mpaka anadzathera kuchipululu, kuphunzitsa ana ongoyamba kumene. Zakale sankakonda kufotokoza. Tikawafunsa za mano aja ankangoti, "Yalla, yalla, tiyeni pa ayezi!"

Koma ndi iwo okha amene anandiyang'ana n'kuona goloboyi. Wachiwiri wawo ankakonda mnyamata wina wa ku Canada amene anayamba kutsetsereka pa ayezi asanadziwe n'kuyankhula komwe, ndipo chifukwa cha iyeyo ndinakhala pabenchi zaka ziwiri. Choncho kumayambiriro kwa Malichi 2020, a Marek atandiuza kuti pa masewera omaliza a chaka, kumapeto kwa mwezi womwewo, pagolo padzakhala ine, ndinabwerera kunyumba mapazi osagunda pansi.

Goloboyi amachedwa kuvula, ndiye nthawi zonse ndinkatuluka womaliza. Tsiku lina nditatsala ndekha, a Phiri a ku Chipata, amene ankanola nsapato zathu, anazimitsa makina awo n'kundiitana.

"Iwe Chisomo, wamvela? Akochi ako ayenda kwao pa Sondo. Atate ao ali m'chipatala, ni mtima. Ati siali bwino olo pang'ono."

Ndikanakonda kulemba kuti ndinamva chisoni. Koma chimene chinayamba kubwera m'mutu mwanga chinali nkhope ya mnyamata wa ku Canada uja. A Marek akachoka, wachiwiri wawo ndiye adzasankha osewera, ndipo ine ndidzabwerera pabenchi ndi zovala zanga zonunkhazo.

Ndinawapeza atakhala m'mbali mwa bwalo, akusisita bondo lawo lija. Ndinawauza kuti ndamva kuti akuchoka. Za bambo awo sindinatchule, ndipo sikuti ndinaiwala. Ndinkadziwa bwino lomwe kuti ndikazitchula, sindikhalanso ndi pakamwa popemphera. Ndiye ndinadzipanga wosadziwa, n'kuyamba kulira. Misoziyo inali yeniyeni, koma ndinkadziwanso kumene ndikuilunjikitsa.

"Sabata ziwiri zokha," ndinatero. "Mukachoka sandiika pagolo. Munalonjeza."

Anayang'ana pa ayezi pomwe galimoto yosalaza bwalo inkazungulira. Kenako anapuma mozama.

"Khalas, basi, pukuta maso. Ndisintha tikiti."

Chakudza sichiimba ng'oma. Patangopita masiku ochepa Lamulungu limene anayenera kunyamuka lija litadutsa, dziko lakwawo linatseka mabwalo a ndege chifukwa cha mliri. Posakhalitsa bwalo lathu la ayezi nalonso linatsekedwa, ndipo masewera amene ndinawalirira aja anathetsedwa ndi uthenga wa mizere iwiri pafoni. Kenako ndege za ku Dubai nazo zinaima. Ku Al Qusais kunangoti zii, moti kwa nthawi yoyamba ndinamva nkhunda zikulira padenga. Chete ameneyo sindinamukonde, chifukwa ndinkadziwa munthu mmodzi amene ankafunitsitsa kumva phokoso la ndege.

Amayi ankabwera kuntchito nkhope itadindika mizere ya masiki, n'kulunjika kubafa osandikhudza. Tinkadya aliyense pakona pake. Masana onse ndinkakhala ndekha. A Marek anayamba kutiphunzitsa zolimbitsa thupi pa kanema wa pafoni, ali m'chipinda chawo, ife aliyense kwawo. Ndinalowa kawiri kokha. Kachiwiriko ndinaona chikwama chawo chapaulendo chili chiimire pafupi ndi chitseko, chomangamanga, ndipo kuyambira tsiku limenelo ndinkanama kuti intaneti ikuvuta.

Uthenga unafika mu Epulo, pagulu la makolo la pafoni. Bambo a a Marek amwalira. Amayi anandiwerengera ataima pakhomo la chipinda changa, n'kuwonjezera kuti a Marek aonera mwambo wa maliro pafoni. Ndinangoti, "Zachisoni," n'kutembenukira kukhoma.

Malamulo atayamba kufewa, amayi anati tipite tikapepese. Ndinakana, ndinati anthu akunja sachita zimenezo, angodabwa nafe.

"Maliro n'kulirana," anatero amayi. "Munthu uja wakusamala zaka zitatu. Vala nsapato."

Tinakwera sitima, tinasintha ina, kenako basi mpaka ku Discovery Gardens kumene ankakhala. Kunali kukutentha koopsa, masiki atanyowa ndi thukuta. M'nyumba sitikanatha kulowa, ndiye a Marek anatsika n'kudzakhala pabenchi pansi pa mtengo. Anali ataonda, ndevu zitakula. Amayi anatulutsa chitenje m'chikwama, anachimanga pamwamba pa buluku, n'kukhala pansi pa kapinga chapatali pang'ono. Ine ndinachita chimodzimodzi. A Marek anadzidzimuka, anafuna kutipatsa benchi, koma amayi anakana ndi dzanja. Amayiwo anaika kontena ya mpunga ndi nkhuku pakati pathu, anati pepani, basi n'kukhala chete monga timachitira kwathu.

Sindikudziwa ngati chinali chete chimenecho chimene chinawamasula, koma munthu amene sankafotokoza zakale uja anayamba kuyankhula. Anati bambo awo ankagwira ntchito pafakitale, ndipo nthawi yozizira ankathira madzi kuseri kwa nyumba kuti aundane, mwana wawo apeze pophunzirira. Pa masewera onse a timu yakwawo mkuluyo ankakhala mpando womwewomwewo, kumbuyo kwa golo. A Marek atapita kunja ali ndi zaka makumi awiri ndi ziwiri, bambo awo sanasiye mpandowo, ankapitabe kukaonerera ana a anthu ena. Chaka chilichonse ankawapempha kuti abwerere, adzasewere kwawo, ndipo bondo litawonongeka ankati adzaphunzitse ana a m'tauniyo. Yankho linali limodzi, chaka chimodzi chokha, bambo. Poyamba a Marek ankathamangira ulemerero. Pambuyo pake ankachita manyazi kubwerera wopanda chikho, wopanda mano, wotsimphina.

Ali mkati mofotokoza ndinayamba kulira, ulendo uno popanda cholinga chilichonse. Ndinati ndine ndinachititsa, ndine ndinawaletsa kupita. Amayi ananditembenukira modabwa, chifukwa za pempho langa lija sankazidziwa.

A Marek anapukusa mutu. "Ayi, Chiso. Iwe unandipempha kamodzi. Ine ndinali nditawakana bambo anga kambirimbiri iwe usanabadwe." Kenako anawonjezera mofatsa, "Komanso iwe sunkadziwa kuti akudwala. Ukanadziwa sukanandipempha."

Pamenepo ndi pamene ndinayenera kuyankhula. Mawu anali pakamwa penipeni, oti a Phiri anandiuza, ndinkadziwa zonse. Ndinayang'ana nkhope yawo yotopayo, ndinayang'ana amayi amene anali atandigwira kale paphewa, koyamba m'miyezi itatu, ndipo ndinameza mawuwo. Ndinangogwedeza mutu. Pobwerera m'sitima amayi ankandisisita msana n'kumanena kuti ndisadziimbe mlandu pa chinthu chimene sindinkachidziwa, ine maso ali pawindo.

Ndege zitayambanso kuuluka, a Marek anapita kwawo ndipo sanabwerere. Mlendo ndi mame, ndipo ku Dubai tonse tinali alendo. Nambala yawo inasiya kugwira, kunabwera mphunzitsi wina. Bwalo litatsegulidwa ndinasewerako miyezi ingapo, pagolo penipeni, chifukwa mnyamata wa ku Canada uja anali atachoka ndi makolo ake. Malo amene ndinkawalirira ndinawapeza popanda wolimbana naye, koma sanandikomerenso. Zovala zija ndinapatsa mwana wina.

Lero ndili ku Blantyre, ndikuphunzira, ndipo anzanga sakhulupirira ndikawauza kuti ndinagwirapo pagolo pa ayezi. Ndakhala ndikuganizira za munthu uja kwa zaka zonsezi. Ndikumvetsa tsopano kuti a Marek sananame, zaka zambiri zija anazitaya okha, posankha mawa m'malo mwa lero mpaka mawa linatha. Ntchito yawo inawaphunzitsa kupirira ululu ndi kusamuka, koma sinawaphunzitse kubwerera. Ndikumvetsanso kuti munthu wamtima wofewa ndi amene savuta kumubera, ndipo amene amamubera kawirikawiri ndi ife amene amatikonda, chifukwa timadziwa pamene pali pofewa. Kuyambira nthawi imeneyo ndimaopa kupempha chinthu kwa munthu amene ndikudziwa kuti sangathe kundikana.

Chimene chimandiwawa kwambiri si pempho lija, poti ndinali mwana. Ndi chete wanga pansi pa mtengo paja. Ndinkaganiza kuti ndikabisa choonadi ndilandira chikhululuko mosavuta, ndipo ndinachilandiradi, koma sichinandipepuze ngakhale tsiku limodzi. A Marek anakhululukira mtsikana amene sankadziwa kanthu, ndipo mtsikana ameneyo kunalibe. Amene analipo, amene anamva zonse kwa a Phiri n'kupitabe kukalira, mpaka lero sanapepese.