Chibwibwi cha Mlamu Wanga

Mlamu wanga, mchemwali wa amuna anga, amasita zovala za anthu m'kachipinda ka kuseri kwa nyumba yathu. Ndi wachibwibwi chibadwire. Anakwatiwapo, banja n'kutha opanda mwana, ndiye anabwera kudzakhala nafe. Kasitomala akafika, iye amangoti "ma-ma-ma", ine n'kumaliza ndili pawindo: "Mawa! Akuti mubwere mawa!" Zaka zonsezi womulankhulira ndakhala ndili ine.

Ndiye mwana wanga wachisamba, amene anaphunzira zojambula mafilimu, anatulukira ndi kamera. Ati akufuna kupanga kafilimu kofunsa kuti kodi mawu amakhala kuti munthu asanawatchule. Ine msangamsanga kuvala diresi yabwino, n'kukhala pakhonde. Nanga pa nkhani ya kulankhula angandipose ndani? Koma mwanayo anangondidutsa ngati mpando, ulendo kwa azakhali ake.

Nsanje inandigwira, sindibisa. Amati mwana wa mnzako ngwako yemwe, koma abale, mpaka kumutenga yense? Chiyambire ali wamng'ono ankathawira komweko, n'kukakhala pansi pa tebulo lositira, kudikira liwu limodzi mpaka litatuluka. Ine amene ndinamubereka ndikamalankhula, amayasamula.

Tsiku lojambula ndinalowa kuti ndithandize.

"Amayi, chonde, asiyeni amalize okha," anatero mwana uja, n'kunditsekera chitseko. Ha! Pakhomo panga pomwe!

Filimuyo anakaionetsa mu holo. Filimu yanji yopanda nyimbo, yopanda nkhani? Nkhope ya mlamu wanga basi, milomo ikunjenjemera, nthunzi ya ayironi ikukwera. Koma anthu ali zii, ena mpaka kugwedeza mitu. Ine ndinali kumbuyo, ndikutukusira ndekha.

Chakumapeto kunamveka mawu a mwana wanga mufilimumo: "Azakhali, ine ndine ndani kwa inu?"

"Mw-mw-mw…"

Mlamu wanga anakakamira pomwepo, mitsempha ya m'khosi ili njoo. Chizolowezi n'choipa, anthuni. Ndinangozindikira ndakuwa, holo yonse kumva: "Mwana wa achimwene ake!"

Anthu onse maso kwa ine. Mufilimu muja mlamu wanga ananena bwinobwino, osadodoma: "Mwana wanga."

Ndinasuzumira kutsogolo kumene awiriwo anakhala. Mwana wanga anali atagwira dzanja la azakhali ake. Holo yonse inali itanditembenukira, koma iye yekha sanacheuke.