Manay Petring ndi Mbande Zosameta

Ine msana wangawu unapindikira kumbuyo kwa Manay Petring. Ndinalowa m'gulu lawo lowokera mpunga ndili namwali wosadziwa n'kumanga mtolo komwe, lero ndili ndi zidzukulu, koma akangoitana kuti "Sion!" ndimadzidzimukabe. Dzina lawo la ubatizo ndi Perpetua, koma kuno ku Bula ukafunsa za Perpetua anthu amangokuyang'ana. Manay ndi mawu aulemu a kwathu kuno, ngati kunena kuti achemwali. Ndi mayi wamfupi, wamawu okwera, ndipo ndudu amasuta moto uli m'kamwa kuti mvula isazimitse. Amuna awo anamwalira ana anayi akadali aang'ono, onsewo anawalera ndi matope omwewa.

Ntchito yawo inali ukapitawo. Mwini munda akafuna owokera sankavutika kuyenda khomo ndi khomo, ankangofika kwa Manay, iwo n'kutisonkhanitsa ife amayi khumi ndi angapo. Ambiri mwa ife tilibe ndi kandime komwe. Ndiye kwathu kuno amene wawokera munda ndi amenenso amaitanidwa pokolola n'kupatsidwa gawo lake la mpunga. Gulu likasowa minda yowokera, miphika yathu imazizira chaka chonse.

Chimene chinatitchukitsa ndi kumeta. Tikazula mbande pa nazale tinkatsuka mizu n'kumanga mitolo, kenaka Manay ankatenga mtolo uliwonse n'kuudula nsonga ndi chikwakwa chawo kamodzi kokha, shwee! Ankati mbande yometa sigwa ndi mphepo, ndipo mazira a kapuchi amene amakhala kunsonga amatsala pamtunda. Anaphunzira kwa amayi awo, amayi awonso kwa amayi awo. Koma tinene zoona, chachikulu chinali kukongola. Munda wathu ukatha unkaoneka ngati mutu wa msilikali, anthu odutsa pa jipi, minibasi ya kwathu kuno, n'kumaloza. Magulu ena ankameta mwaulesi, pokhapokha mwini munda akuyang'ana. Manay sankasiya ngakhale mtolo umodzi. "Munda wosameta ndi wa mlesi," ankatero.

Ndiye kunabwera chaka chija. Tinawokera bwinobwino, kenaka namondwe anadutsa, madzi n'kusefukira kuchoka ndime ina kulowa ina. Madzi ataphwa, mbande zina zinangofota n'kupindika ngati zathiridwa madzi otentha. Zimene zinapulumuka zinayamba chikasu kunsonga, chikasucho n'kumatsika m'mbali mwa tsamba mpaka tsamba lonse kuuma mbuu. Chiwawu chimenecho tinkachidziwa, chinkabwera pang'onopang'ono zaka zina, koma chotere tinali tisanachionepo. Pokolola ngala zinali zoimirira, ukafikisa m'manja mankhusu okhaokha.

Choipa n'chakuti minda imene inapsa kwambiri inali yowokera ife. Minda ya anthu amene anangomwaza mbewu osawokera inadwala mochedwa, ndiponso pang'ono. Anthu maso ali nawo, pakamwa alinso napo. Pa sitolo ya pamphambano panayamba kumveka kuti dzanja la Petring lalowa tsoka. Eni minda anayamba kunena kuti, "Bwanji tizingomwaza basi? N'kotchipa komwe." Ndinapsa mtima ine! Anthu omwewo dzana ankatitumizira khofi ndi mabanzi kumunda potinyengerera kuti tiyambe ndi iwo.

Amene anabwera kudzaona zimenezi anali mlangizi wa zaulimi, Vangie. Mwana ameneyu ndi wathu yemwe. Mayi ake ankawokera m'gulu lathu, iye ali khanda tinkamugoneka pansi pa ambulera pamzere wa ndime. Anatipeza tikukunkha m'munda umene unachedwa, nati kwa Manay, amene amawatchula Tiya ngati azakhali ake, "Tiya Petring, tabwerani muone."

Anadula tsamba pamalire a chikasu ndi chobiriwira, n'kuliviika m'tambula ya madzi oyera. Titadikira pang'ono, podula paja panayamba kutuluka kautsi koyera ngati mkaka wa kokonati wodonthera m'madzi.

"Tizilombo take ndi timeneti," anatero Vangie. "Kamodzi simungakaone, koma tikachuluka timatero. Timakonda kulowera pabala."

"Bala lanji?" anafunsa Manay. "Mpunga unamenyana ndi ndani?"

"Namondwe akakhulitsa masamba, ndi bala limenelo. Mizu ikaduka pozula, ndi bala. Ndiyeno..." Vangie anayang'ana chikwakwa cha m'chiuno mwa Manay. "Mumtolo mukakhala mbande imodzi yodwala, chikwakwa chimatenga n'kupaka zonse. Kenaka mtolo wotsatira, ndi wotsatiranso."

"Iwe Vangie, ulibe manyazi?" ndinalowerera ine. "Sukulu unapitayo inalipiridwa ndi mbande zometa zomwezi!"

"Khala chete, Sion," anatero Manay. Anachotsa ndudu m'kamwa n'kutembenukira kwa Vangie, n'kumuitana Nene monga timaitanira mtsikana wamng'ono. "Nene, ukutanthauza kuti zaka zonsezi ndakhala ndikupha mpunga wa anthu?"

"Ayi, Tiya. Mpunga wa kale unali wautali, wamasamba olimba, sunkadya feteleza. Wa masiku anowu amaukhutitsa yureya, masamba amafewa, nthenda n'kupeza khomo lotsegula. Si chikwakwa chokha. Ndi madzi, ndi ziputu zosiyidwa m'munda, ndi mbewu. Koma chikwakwa chilimo, sindingakunamizeni."

Manay anabweza ndudu m'kamwa. Anatola dengu lawo n'kumapita kunyumba, ife n'kutsala tikumuyang'ana Vangie ndi diso loipa. Mwanayo analira, ine sindinamutonthoze.

Nyengo yotsatira palibe anatiitana. Tinkaona amuna akuyenda m'minda ndi zidebe pachifuwa, akumwaza mbewu ngati akudyetsa abakha. Gulu linayamba kubalalika. Woyamba kuchoka anali Nening, mnzanga wowokera naye mzere umodzi, amene mwamuna wake anapita ku Manila osabwereranso. Anasiya ana ake atatu kwa apongozi n'kupita ku tauni ya Naga kukachapa zovala kunyumba ya anthu olemera. Pokwera jipi wamng'ono anamugwira siketi, tinachita kumukanganula. Manay anali chilili kutsidya kwa msewu, ndipo ndinaona kuti zawalowa mpaka m'mafupa.

Patapita masiku angapo Manay anandigogodera m'mawa, akundiitana Madi monga timaitanirana amayi ogwirizana. "Madi, tiye kwa Gorio."

Manoy Gorio (Manoy ndiye kuti achimwene) ndi mwini minda wa kumunsi kwa ngalande, munthu wouma manja koma wosanama. Tinamupeza akusambitsa njati yake yoweta yolimira.

"Eee, kwabwera ometa," anatero. "Pepani, tsitsi langa linathothoka kale."

"Ndikufuna munda wako wa pafupi ndi nsungwi uja," anatero Manay. "Nyengo ya mvula ikubwerayi tiwokera ife. Osameta."

Gorio anasiya kukhula njati. "Inu? Osameta? Kodi mwadwala?"

"Ndamva kale zoti ndili ndi tsoka, za kudwala ndiye zatsopano. Tamvera. Ziputu uzilime zikwiririke, munda uume kaye. Mbewu ukatenge imene akuuze Vangie, yopirira chiwawu. Nazale ikhale pamtunda, pasamalowe madzi a minda ina. Yureya usathire yense kamodzi ngati ukukwirira maliro, uzithira pang'onopang'ono. Namondwe akadutsa, madzi uwatulutse."

"Abale, kodi munda ndi wanga kapena wanu?"

"Ndi wako. Mpunga ndi wako. Ife tikufuna msana wathu ugwire ntchito basi."

"Nanga ukapsanso?"

"Ukapsa ukanene wekha pa sitolo kuti Petring watha, ine ndidzavomera."

Gorio anakanda dazi lake nthawi yaitali. Chimene chinamukopa ndikuchidziwa ine: minda yomwaza inamuvuta ndi udzu, namsongole anachita kupikisana ndi mpunga. Pomaliza anati, "Munda umodzi wokha. Ndipo khofi muzibwera ndi wanu."

"Wako tinkamwa chifukwa cha ulemu," anatero Manay.

Ndinadziwa pambuyo pake kuti anali atapita kale kwa Vangie, okha, atanyamula mphika wa masamba a koko ophikira kokonati ndi tsabola. Sanapepese ndi pakamwa, Manay sapepesa. Anangoika mphikawo patebulo n'kunena kuti, "Nene, yambira pachiyambi, ulankhule pang'onopang'ono."

Tinasonkhana amene tinatsala. Ntchito yake inali yowawa, ndisakubisireni. Kuti mbande isafune kumeta umayenera kuiwokera ikadali yaing'ono, ndiye timbande tating'onoto tinkapulumuka m'zala zathu zokalambazi. Pozula Manay ankakuwa, "Pang'onopang'ono! Mizu imeneyo si tsitsi la mkazi mnzako!" Iwo eni chikwakwa anachisiya kunyumba. Ankati akatenga mtolo, dzanja linkapita lokha m'chiuno n'kupeza palibe kanthu, kenaka ankangouponya mtolowo m'madzi motukwana.

Titamaliza munda unali wonyansa. Masamba ena aatali, ena aafupi, ena ogonera m'madzi. Amuna odutsa ndi zidebe zawo ankaima pamzere.

"Manay Petring, mwawokera nokha kapena mwatuma nkhuku?"

"Ndatuma mkazi wako!"

Anayankha choncho, koma popita kunyumba sanacheuke n'kamodzi komwe. Kale ankaima pamzere manja m'chiuno, kumawerama uku ndi uku kuona ngati pali tsamba lotuluka. Ndinawamvera chisoni kwambiri tsiku limenelo.

Mbande zinagwira, zinadzuka, zinaphuka. Munda unayamba kutseka, kunyansa kuja kunabisika. Manay ankapitako m'mawa uliwonse ngakhale panalibe ntchito, koma sankalowa mame asanaume, poti Vangie anati munthu woyenda m'masamba onyowa amanyamula nthenda pazovala. Ankangozungulira pamzere n'kumakangana ndi Gorio za feteleza. Iye ankafuna kuwonjezera kuti masamba ade bii ngati a anzake. "Ukufuna kukolola masamba?" ankamufunsa.

Namondwe sanatiiwale. Anabwera mpunga uli pafupi kutulutsa ngala, anasasula madenga, nthochi zonse pansi. Mphepo itangoleka, Manay anali kale m'munda ndi khasu, iwo ndi Gorio akutsegula potulukira madzi n'kutseka polowera a minda ya kumtunda. Masiku otsatira tinayamba kuona chikasu chija m'minda ya anthu, makamaka imene inakhuta yureya. Kenaka tinachionanso mwathu, pangodya pamene madzi anasefukira. Mtima wanga unagwa. Ndinati basi, tatha, nanenso ndikafune kochapa.

Manay anangokhala pamzere, ndudu yozima m'kamwa. Tsiku ndi tsiku ankabwera kudzayang'ana ngodyayo. Chikasu chinadya mizere ingapo, chinafika pamene panali chitsa cha kokonati, n'kuima pomwepo. Munda wotsalawo unakhala wobiriwira mpaka ngala zinatuluka, n'kuyamba kuwerama ndi kulemera. Tsiku lokolola Gorio anafikisa ngala m'manja, analuma njere imodzi, n'kutumiza mwana wake kukagula khofi ndi mabanzi, a shuga pamwamba. Palibe anamunena, ngakhale tinkafuna.

Si onse anabwerera kwa ife ayi. Ena akumwazabe mpaka lero, ndi minda yawo. Koma nyengo yowokera itayandikira, pakhonde pa Manay panayamba kukhala anthu, zipewa pamaondo. Aliyense ankauzidwa zomwe anauzidwa Gorio, wosafuna ankaonetsedwa njira. Ovomera anachuluka mpaka amayi tinachepa.

"Madi," anatero Manay kwa ine, "mawa ukwere jipi yoyamba. Ukamutenge Nening."

Nyumba ija ku Naga ndinaipeza movutikira. Wapageti anandilowetsa chakumbuyo, ndipo Nening ndinamupeza atagwada pa beseni, thovu mpaka m'zigongono, ataonda. Atandiona anaimirira mwamantha.

"Manay Sion! Kwagwanji? Ndi ana?"

"Ana ali bwino. Akuti ubwere ukawokere."

"Musandiseke, chonde."

"Ndikusekere chiyani ine? Ndawononga ndalama ya jipi kudzakuseka?"

"Minda ingati?"

"Yoti msana wako uthyoke. Ya Gorio yonse, ina ya kumtunda kwa ngalande, ndi yokolola yake yomwe."

Nening anakhala pansi pomwepo pa simenti yonyowa, n'kuphimba nkhope ndi manja athovuwo. Ndinkaganiza kuti akulira, mwina ankalira, koma ankasekanso. Kenaka anati amalize kaye kutsukuluza, sangasiye zovala za eni m'madzi. Ndinapinda manja a malaya n'kumuthandiza kuti zithe msanga.

Tikuyanika chomaliza anandifunsa motsitsa mawu, "Ana anga akudziwa kuti mwabwera kuno?"

"Fulumira iwe," ndinamuuza. "Ndawasiya atakhala pamsewu, akana n'kudya komwe."