Kyesun, Wopota Lubani wa Nthawi

Pamsika wa kudoko la Hwaam panalibe amene sankamudziwa Kyesun, mayi wopota lubani wochedwetsa nthawi. Anali wamfupi, wa manja akuda ndi utomoni, lilime lakuthwa ngati lumo. Amene amati anali wouma mtima ndi abodza, ndipo ambiri a iwo anadyapo mpunga wake m'chaka cha njala, lero aiwala.

Ntchitoyi anaiphunzira ali mtsikana: kusinja makungwa a mkungudza wa kuphiri, kukanda ndi utomoni ndi mchere, n'kupota ngati nkhata. Ukauyatsa m'chipinda chotseka utsi n'kudzaza, nthawi m'katimo imakwawa. Kunja chaka chimatha, wam'kati asanameze n'komwe malovu. Asodzi ankagula tizidutswa kuti nsomba zisawole m'chilimwe, koma nkhata zazikulu zinali za odwala amene atsala pang'ono kutisiya, kuti abale akutali awapeze akupuma. Lamulo lake ngakhale mwana amalidziwa: woyatsa salowa. Motowo umamvera dzanja la amene anauyatsa basi. Iyeyo amakhala panja, kumalumikiza nkhata yatsopano pa kabowo ka m'munsi mwa khoma. Akangolowa, palibenso wina angaupitirize.

Mwamuna wake, Pilman, ankawolotsa anthu pabwato. Anali munthu wofatsa mpaka kukwiyitsa, woti mkazi wake akamukalipira iye ankangomuyamikira mawu. Chifuwa chitamugwetsa, mwana wawo mmodzi yekhayo, Tolsu, anali atapita kum'mwera ndi zombo za mchere. Kyesun anagoneka mwamuna wake pamphasa, anayatsa nkhata, anatseka chitseko cha pepala, n'kutumiza uthenga kudoko.

Uthenga unapita, Tolsu sanabwere. Ena ankati chombo chinamira, ena ankati anakwatira kuzilumba, ndipo Kyesun ankawatukwana onse mofanana. Chipale chofewa chinagwa n'kusungunuka, chinagwanso. Tsitsi lake linayera, msana unapindika, mano am'mbali anatha. Sanapitepo ku ukwati wa tsidya lina kapena kumaliro a mchemwali wake, poopa kuti moto ungazime.

Malnyo, wogulitsa nsomba moyandikana naye, ndiye yekha ankalimba mtima kumuuza. "Iwe nkhalamba, mwamuna si kabichi woti uzisunga mumtsuko." Kyesun ankamuyankha kuti asamale nsomba zake zonunkhazo, popeza wakeyo mwamuna anamuthawa ali wamoyo. Akatero ankakhala pansi n'kudya m'mbale imodzi.

M'mawa uliwonse ankasuzumira pa kabowo ka pachitseko. Pilman anali chigonere monga anamusiyira, maso ali kukhomo, dzanja likukwera pang'onopang'ono kuchoka pachifuwa. Kyesun ankauza aliyense kuti akuloza kunyanja, akufunsa mwana wake. Zaka zinapita dzanjalo likukwera. Kenaka linayamba kutsika, ndipo silinalunjike kunyanja ayi. Linatera chikhatho pansi, pamphasa, pambali pake penipeni. Patapita nyengo linadzuka pang'ono, n'kuteranso pomwepo.

Kyesun anakhala pakabowopo mpaka mawondo anachita dzanzi. Munthuyu ankasisita mphasa. Zaka zonsezi ankamuitana iyeyo kuti adzakhale pansi.

Tsiku limenelo sanalumikize nkhata ina. Anasamba, anapesa imvi zake, anavala malaya amene ankasungira tsiku lofika Tolsu, anawiritsa tiyi wa balere. Malnyo atamuona sananene nthabwala. Anangosiya nsomba zake kwa ntchentche n'kukakhala pakhonde, kuthamangitsa aliyense wofuna kusuzumira.

Atatsegula chitseko, utsi unatuluka n'kumwazika pabwalo. Pilman anamuyang'anitsitsa, kuyambira kumutu mpaka kumapazi.

"Mayi a Tolsu, mwangotuluka pompano. Imvizi mwakazitola kuti?"

"Khalani chete inu. Kukwatiwa ndi munthu wochedwa ngati inu kumakalambitsa."

Pilman anaseka, chifuwa chinamugwira, mkazi wake n'kumudzutsa pang'ono kuti amwe. Atapuma anafunsa za mwana. Kyesun ankatha kunama, ankanamiza ogula tsiku lililonse, koma apa anangopukusa mutu. Pilman anatseka maso kanthawi, misozi inatsikira m'makutu, ndipo anamvetsa kuchuluka kwa zaka zimene mkazi wake anakhala panja yekha.

"Basi, mwatopa. Khalani apa. Mumangoyendayenda ngati nkhuku yofuna kuikira."

Kyesun anakhala. Anamuuza za bwato lake, kuti linawola ndipo analiwotcha ngati nkhuni, za mlatho umene unamangidwa pamalo pamene ankawolotsera anthu, za mchemwali wake, za Malnyo ndi pakamwa pake. Pilman ankamvetsera, mutu uli pamiyendo pake, akusewera ndi zala zakuda zija. Dzuwa linayenda pachitseko cha pepala mofulumira monga limayendera kwa anthu onse, ndipo lisanafike pansi Pilman anasiya kuyankha. Kyesun sanaitane munthu. Anayamba wamaliza nkhani imene ankamuuza.