Mtedza wa Mbewu Sulowa M'makina

Chaka chimene amuna anga anagula makina oswera mtedza ku Chipata, amayi anzanga ku Kapondo ankandisirira. Ankati matuza a m'zala ndatsanzikana nawo. Ine ndinkangoseka, koma ndinkadziwa chimene makinawo anandilanda.

Kale tikakolola, tinkakhala pamphasa awiriwiri kuswa mtedza ndi manja, masabata athunthu. Apo m'pamene tinkakambirana zonse: za ana, za denga lodontha, ngakhale miseche ya kutchalitchi. Makina atabwera, ntchito ya mwezi inkatha tsiku limodzi. Bambowo anayamba kuzungulira nawo m'midzi, ndipo akafika pakhomo maso anali pafoni, kulimbana ndi mavenda. Kumenya sankandimenya, mowa sankamwa, za chibwenzi sindinamvepo. Nanga kwa ankhoswe ndikanakanena kuti chiyani? Kuti munthu akundiyankha kuti "mm"? Koma ndinasungulumwa koopsa, ndipo ndinkaona banja langa likutha popanda ndewu.

Ine si munthu wolirira kuseri kwa nkhokwe. Mvula itayandikira, ndinakoka matumba atatu a mtedza wa mbewu n'kuyala mphasa pakhonde.

"Bambo, uwu ndi wodzala," ndinatero. "Makina anu aja amausupula khungu, sumera. Khalani apa."

"Ndiitana aganyu mawa."

"Ine ndinakwatiwa ndi aganyu? Khalani pansi!"

Anakhala, kaya poopa kutaya mbewu, kaya poopa pakamwa panga. Tinaswa mpaka lichero kudzaza. Ndinalumbira mumtima kuti lero ayambe okha kulankhula. Anatsokomola, anaingitsa nkhuku, kenaka anafunsa:

"Kodi mayi, dzino lija likupwetekabe?"

Mayo ine! Dzinolo ndinakachotsetsa kuchipatala cha paboma chaka cham'mbuyo. Ndinapita ndekha pa kabaza, ndinabwerako tsaya litatupa, n'kuwaphikira madzulo ake. Ndinangoyasama n'kuwalozera pamene panali dzinolo.

Anayang'ana nthawi yaitali. Foni inalira m'thumba mwawo mpaka kuleka yokha. Ndinene zoona, ndinawamvera chisoni, ngakhale mtima unali udakawira.

"Chaka chathunthu?" anatero motsitsa mawu. "Nanga ine ndinali kuti?"

"Munali pompano," ndinawayankha. "Swani mtedza, bambo. Ndili nazo zambiri zoti ndikuuzeni."