Mawu Amene Ndinasungira Khoti Lalikulu

Mkazi wanga atakasuma kuti ukwati wathu uthe, ine ndinali pa ntchito yosadzira mitengo ya paini pamwamba pa phiri la Zomba. Ndinkatsika Loweruka lokha. Iye ankakhala ku Chinamwali ndi mwana wathu mmodzi yekhayo, wamkazi, amene anali atangoyamba sukulu. Za ukwatiwo ndinali nditazisiya kale m'manja mwa Ambuye. Chimene ndinkafuna chinali mwanayo, chifukwa mayi ake anali atapeza mwamuna wina wa ku Mozambique, ndipo ankati asamukira komweko.

Mlandu unalowa kwa majisitireti. Chipinda chinadzaza ndi anthu otidziwa: oyandikana nawo nyumba, akabaza, ndi azimayi akumpingo obwera kudzangomvera. Mkazi wanga analankhula nthawi yaitali. Anati ndine munthu wam'nkhalango, mwana sandidziwa n'komwe. Kenako majisitireti anatembenukira kwa ine.

"Bambo, muli ndi mafunso kwa mayiwa? Mboni muli nazo?"

Zonena ndinali nazo. Ndinkadziwa masiku amene mwanayo ankasiyidwa kwa eni nyumba mayi ake ali paulendo, ndi mmene tsiku lina ndinamupezera ali yekha pakhonde, thupi likutentha. Koma ndinayang'ana khamu lija. Ndinakumbukira zimene ndinawerenga m'Malemba, kuti m'chipululu muja milandu yaing'ono inkathera kwa oweruza ang'onoang'ono, koma yovuta ankapita nayo kwa wamkulu. Ndinakumbukiranso mtumwi amene anapempha kuti akamvedwe ndi mfumu yaikulu. Ndinati mumtima: sindingavule mayi wa mwana wanga pamaso pa akabaza. Ndikalankhulira kumtunda, kumene kulibe otidziwa.

"Ndilibe mawu, bwana."

Mwana anaperekedwa kwa mayi ake. Panja mlamu wanga anandifuulira: "Alamu, pakamwa mwasiya m'paini? Kapena kusala kudya kwanuko mwasala ndi mawu omwe?" Anthu anaseka. Ine ndinangomwetulira, poti ndinkadziwa kumene ndikupita.

Ndinachita apilo ku khoti lalikulu, n'kubwerera kuphiri kukadikira. Inali nyengo ya chiperoni. Anzanga akaweruka ankatsika kukamwa, ine n'kutsala m'kanyumba kanga. Ndinkayenda m'mbali mwa damu la Mulunguzi ndikuyeserera mawu anga mokweza, chifunga chitatseka tsidya lina. Ndinkawakonza, kuchotsa aukali, kupempherera otsalawo. Panalibe wondimva koma mitengo. Ndinakapempha mayi eni nyumba aja, munthu wachikulire wodwala mawondo, kuti akandichitire umboni, ndipo anavomera.

Khoti lalikulu linali monga ndinkalifunira. Mabenchi anali opanda anthu, kupatula mkazi wanga, mlamu uja ndi mboni yanga itavala chitenje chake cha Lamulungu. Ndinaimirira n'kunena kuti lero ndabwera ndi zonse.

Jaji anandiimitsa mofatsa. "Bambo, bwalo lino silikuyamba mlanduwu mwatsopano. Ntchito yanga ndi kuona ngati majisitireti analakwitsa pa zimene anamva. Umboni watsopano ndimaulola ngati sukanatheka kupezeka nthawi ija. Mayi awa munkawadziwa?"

"Inde, bwana."

"Anali kutali? Ankadwala?"

"Anali m'chipinda momwemo, kumbuyo kwanga."

"Nanga bwanji simunawaitane?"

"Ndinasungira inu, bwana."

Jaji anavula magalasi. Mlamu wanga sanaseke. Kenako jaji anagamula kuti majisitireti sanalakwitse, pakuti anaweruza pa zimene zinaikidwa pamaso pake. Anangowonjezera kuti sukulu ikatsekera, mwana azibwera kwa bambo ake.

Ndinafunsa kalaliki ngati pali khoti lina pamwamba. Anati lilipo ku Blantyre, la majaji angapo, koma nalonso limangoyang'ana ngati apansi analakwitsa. "Mukamakwera, achimwene, makutu amachepa. Pakamwa m'pansi paja."

Mkazi wanga anandipeza pageti. "Bambo ake a mwana, mukanangonena tsiku lija," anatero. "Ine ndinabwera nditakonzeka kuchita manyazi." Ndinakweza mayi achikulire aja pa kabaza, ine n'kuyamba wapansi msewu wokwera phiri.

Mkazi wanga anasamuka ndi mwana uja mvula isanagwe. Sukulu itatsekera ndinatsika kukadikira kudepoti, ndili ndi mapichesi m'jumbo. Maminibasi anabwera ndi kupita mpaka dzuwa linapendeka. Tchuthi chinacho zinalinso chomwecho. Nditapita kukadandaula kukhoti, anandiuza kuti chigamulo chilipo ndithu, koma dzanja la khoti limathera pamalire a dziko.

Abale akumpingo amandiuza kuti kuli bwalo lina limene silidziwa malire, kumene ngakhale zosanenedwa zimamveka. Ndimakhulupirira ndi mtima wonse, ndipo m'mawa uliwonse ndimagwada. Koma mwana wanga akukula tsopano lino, akuphunzira m'Chipwitikizi, ndipo sindidziwa ngati ndingamuzindikire atatsika minibasi pakati pa atsikana ena. N'chifukwa chake ndikapita kudepoti ndimaima poyera, pamene aliyense wotsika angandione, kuti mwina iyeyo ayambe kundizindikira.